Chitoliro cha m'maloto chimene achimwene anandisiyira

Amayi anga akafuna kukuona sanena kuti akusowa. Amanena kuti katundu wako akuwathera malo. Umu ndi mmene anandiitanira ku Chilomoni mwezi wa Ogasiti: "Bwera udzachotse zinyalala zakozi, chipindachi ndikufuna ndiikemo chimanga."

Ndinapita Loweruka m'mawa. Pansi pa sutikesi yakale, pakati pa makope a kupulayimale ndi juzi yodyeka ndi njenjete, ndinapeza kamakina kachikasu kokwana m'manja, kaseti yake yakuda ili chilowetsere kumsana. Inali Game Boy Color ya malemu achimwene anga. Ndinathamangira pa okala kukagula mabatire awiri, ngakhale mumtima ndinkadziuza kuti ndikungotaya ndalama. Nditakankha kabatani ka m'mbali, kamakinako kanalira kuti "ting'!" monga kankachitira ndili Sitandade 6. Kenaka pa sikirini panatuluka dzina la achimwene, lachidule lija tinkawaitanira pakhomo. Pafupi nalo panali mzere wa timitima ndi nambala 41, kusonyeza maulendo amene anagonja m'gemumo.

Ndinakhala pansi pasimenti. Amayi anasuzumira pakhomo, kuona chimene ndagwira, nkubwerera kukhitchini osayankhula.

Gemu yake ndi iti?

Inu amene munayambira magemu pafoni mwina simunaigwirepo Game Boy. Kampani ya Nintendo ya ku Japan inatulutsa yoyamba mu 1989, yopanda mitundu, yodya mabatire anayi. Ya mitundu, yodya mabatire awiri, inatuluka mu 1998. Sikirini yake siwala yokha ngati ya foni. Umayenera kuilozetsa kowala, moti magetsi akathima ine ndi achimwene tinkaunjikana pakandulo mpaka amayi atakalipa.

Achimwene anabwera nayo ulendo woyamba umene anachokera ku Johannesburg. Anaigula yogwiritsidwa kale ntchito, ndi kaseti imodzi yokha: The Legend of Zelda: Link's Awakening. Gemuyi inatuluka koyamba mu 1993, motsogozedwa ndi Takashi Tezuka. Inayamba ngati chibwana chabe cha katswiri wa makompyuta Kazuaki Morita, amene ankayesa zimene Game Boy ingathe kuchita akaweruka kuntchito, anzake nkumamujowina mmodzimmodzi. Yathu inali ya mitundu ya mu 1998, yokhala ndi zilembo DX kumapeto kwa dzina. Mu 2019 kampani ya Grezzo inaikonzanso mwatsopano kuti izisewereka pa Nintendo Switch.

Ndichenjezeretu: ndiulula mathero ake. Koma musadandaule kwambiri, chifukwa ku Japan anaulula kale pachikuto. Dzina lake kumeneko, Yume o Miru Shima, limatanthauza chilumba cholota.

Nkhani imayamba ndi namondwe panyanja. Bwato la mnyamata wotchedwa Link lasweka, ndipo mafunde amulavulira pagombe la chilumba cha Koholint. Womutola ndi mtsikana woimba, Marin, amene amakhala ndi bambo wina wokonda bowa, Tarin, m'mudzi wa Mabe. Osewera amalemba dzina lake poyamba, ndipo anthu onse a m'gemumo amamuitana dzina limenelo. Tarin amati walidziwa chifukwa lalembedwa kuseri kwa chishango. Ndiye kwathu Link analibe ntchito: Marin ankaitana dzina la achimwene.

Link akangopeza lupanga lake pagombe, pamatera kadzidzi. Amayi atamuona koyamba anati: "Mbalame imeneyo musandilowetsere m'nyumba, ngakhale ya pakanema." Koma kadzidzi wa ku Koholint saloza maliro, amaloza njira. Amamuuza Link kuti palibe wochoka pachilumbacho pokhapokha atadzutsa Wind Fish, Nsomba ya Mphepo, imene ikugona m'chidzira chachikulu pamwamba pa phiri la Tamaranch. Ndipo siidzuka ndi phokoso wamba. Pakufunika zida zoimbira zisanu ndi zitatu, chilichonse chobisidwa m'phanga lakelake, chikulonderedwa ndi chilombo chakechake.

Zidazo ndi izi, monga mmene umazipezera: chigitala chachikulu chokhwekhweza ndi uta ngati kaligo, lipenga la chigoba cha nkhono, belu, zeze, mangolongondo, kachitsulo ka ngodya zitatu, limba, ndi ng'oma ya bingu.

Chitoliro chopezeka kutulo

Zida zisanu ndi zitatuzo sungaziimbe wekha pamene wafunira. Chimene umayenda nacho m'thumba ndi chachisanu ndi chinayi, kachitoliro kotchedwa ocarina. Kunja kwa gemu, ocarina ndi chida chenicheni, chowumbidwa ndi dongo, chooneka ngati mbatata yoboolaboola. Mtundu wodziwika lero anaukonza ndi Giuseppe Donati wa ku Budrio m'dziko la Italy mu 1853, ndipo dzinalo m'chiyankhulo cha kwawoko limatanthauza katsekwe.

Kapezedwe kake m'gemumo ndiko kanandizunguza mutu ndili mwana. Chakumpoto kwa mudzi wa Mabe kuli kanyumba kotsekedwa ndi miyala. Ukachotsa miyalayo nkulowa, supezamo china koma bedi. Umagona pabedipo, nkudzukira m'chipinda china chodzaza ndi tizilombo totsanzira mayendedwe ako: ukasuntha nato timasuntha, ukaima timaima. Ukatipyola ndi nsapato zothamangira, chitolirocho umachipeza m'bokosi. Ukadzuka pabedi paja, chili m'manja mwako.

"Achimwene, chinthu cha kumaloto chingatuluke bwanji kunja?" ndinafunsa.

"Iwe, ndi gemu imeneyi, si sayansi," anatero akuseka.

Chitolirocho pachokha n'chopanda pake. Link akachiliza asanaphunzire nyimbo, chimangotulutsa mawu osokosera. Nyimbo zake ndi zitatu, ndipo iliyonse umachita kuphunzitsidwa. Yoyamba amaphunzitsa ndi Marin, nyimbo ya Nsomba ya Mphepo, imene amaimba tsiku ndi tsiku pabwalo la m'mudzi. Yachiwiri amaphunzitsa ndi Manbo, chinsomba chokhala m'phanga la m'madzi: ukasochera kapena zikakuthina, ukaiimba imakunyamula nkukakutula padziwe lina lodziwika, kapena pakhomo la phanga limene ulimo. Yachitatu ndi ya chule wamkulu Mamu, amene saphunzitsa ulere: amalipiritsa ndalama za m'gemumo 300. Imeneyi imadzutsa zakufa.

Kotero nyimbo ina ndi yobwerera kumene ukudziwa, ina ndi yoitanira chimene chinapita, ina ndi yodzukira. Ndili mwana ndinkakonda yachiwiri, chifukwa inkatipulumutsa timitima tikatsala pang'ono kutha. Ya Marin ndinkaiona ngati ya asungwana.

Chimene achimwene sananditanthauzire

Chingerezi changa cha Sitandade 6 chinali chopunduka, ndiye ntchito tinagawana. Achimwene ankawerenga ndi kutanthauzira, ine ndinkajambula mapu a mapanga kumapeto kwa kope la masamu. Ankatanthauzira mokometsera. Marin atakhala ndi Link pachipika m'mbali mwa nyanja, nkumanena kuti akanakhala mbalame ya kunyanja akanauluka kukaimbira anthu a kutali, achimwene anati: "Ameneyu akufuna pasipoti, nayenso akufuna Joni."

Tinapeza zida zisanu mosavuta kwenikweni. Tisanalowe m'phanga lachisanu ndi chimodzi, kadzidzi anatituma kukachisi wakale wa kum'mwera. M'chipinda chamkati muli mdima. Umayatsa miuni iwiri, pakhoma nkuoneka chithunzi cha namgumi ndi kadzidzi, ndi mawu olembedwa. Ndimakumbukira kuti achimwene anawerenga nthawi yaitali osayankhula.

"Akuti chiyani?"

"Akuti tipitirize, tatsala pang'ono."

Tinamaliza phanga lachisanu ndi chimodzi Lamlungu lotsatira. Chilombo chake, chinkhope chotuluka pansi, chinayankhula zambirimbiri chisanafe, koma achimwene anangodina batani mofulumira. Kuyambira tsiku limenelo anayamba zifukwa. Mabatire adula. Maso akuwawa. Phanga lotsatira ndi lovuta. Tchuthi chawo chitatha anakwera basi kubwerera ku Johannesburg, nkundisiyira kamakinako ndi lamulo limodzi: "Uyambe yako pamzere wachiwiri. Yangayo usaikhudze, tidzamalizira limodzi."

Yanga sindinafike nayo patali. Popanda wotanthauzira ndinkangozungulira m'tchire. Achimwene anabweranso maulendo angapo, anakwatira, mwana anabadwa, koma za gemu sitinazikambenso. Ine ndinali nditakula, ndili kusekondale, ndikudziona ngati munthu wa zinthu zofunika. Kenaka foni inalira usiku. Anali atadwala masiku owerengeka chabe. Chakudza sichiimba ng'oma. Thupi linabwera pagalimoto kudzera pachipata cha Mwanza, anzawo a kumeneko atasonkherana, mwana wawo wamkazi asanakwanitse zaka ziwiri.

Loweruka lija la Ogasiti, nditakhala pasimenti, ndinaphwanya lamulo. Ndinatsegula gemu ya achimwene, ndinayenda mpaka kukachisi uja, ndinayatsa miuni iwiri ija. Tsopano Chingerezi ndimachimva. Mawu a pakhomawo amanena kuti chilumba cha Koholint kulibe. Anthu, zilombo, nyanja ndi thambo, zonse ndi maloto a Nsomba ya Mphepo. Ikadzadzuka, zonse zidzazimirira ngati thovu.

Apa m'pamene zinthu zambiri zinagwa m'malo. Chitoliro chinatha kutuluka kumaloto chifukwa kunjako kunalinso kumaloto. Ana a m'mudzi wa Mabe ukawafunsa kuti anabwera liti pachilumbacho, samva n'komwe tanthauzo la funsolo. Zilombo zolondera zida zija sizimenya nkhondo chifukwa cha nkhanza zokha: zikudziwa kuti nyimbo ikamveka, dziko lawo latha. Ndipo iwe, ngwazi ya nkhaniyi, chida chilichonse chimene wapeza ukuyandikiza tsiku limene Marin adzasowe.

Achimwene ankadziwa zimenezi. Anaona mwana wa zaka 11 akujambula mapu a dziko limene lidzafufutike, nasankha kukhala chete.

Batire la m'kaseti

Sabata yotsatira ndinapita nako kamakinako kwa mkulu wina wokonza mafoni mumsika wa Limbe, kuti andipukutire mabatani amene ankakakamira. Ataona kasetiyo anaitembenuza kawiri.

"Bwana, iyi ikusungabe?"

Anandifotokozera chimene sindinkachidziwa. Makaseti amenewa sasunga gemu ngati memore khadi ya foni. M'kati mwake muli kabatire kozungulira ngati ka wotchi, kamene kamapatsa moto kachipangizo kokumbukira usana ndi usiku, ngakhale kasetiyo ili m'sutikesi. Kabatireko kakatha, zonse zosungidwa zimafufutika. Ukakachotsa kuti uikemo katsopano, moto umaduka, zimafufutikanso, pokhapokha utakhala ndi zida zokoperatu, zimene iye analibe.

"Ndiye katsala ndi nthawi yaitali bwanji?"

"Mwina mawa, mwina chaka chamawa. Kakalamba aka, bwana. Kakhalitsa kale mopitirira."

Mu minibasi ndinakhala nditafumbata thumba la malaya ngati muli dzira. Dzina la achimwene, timitima tawo, maulendo 41 aja, zonse zikukhala ndi moyo chifukwa cha kabatire kamene kakhala kakugona m'menemo chipangidwire kasetiyo. Nakonso ndi ka Nsomba ya Mphepo kena. Ndinali ndi njira ziwiri: kuibwezera m'sutikesi nkumadzinamiza kuti ikadalipo, kapena kumaliza ulendowo nthawi ikadalipo.

Mnzanga watsopano

Mwana wa achimwene tsopano ali Sitandade 5. Amakhala ndi alamu ku Zingwangwa, koma Loweruka lililonse amabwera kwa agogo ake. Ali wamng'ono, akafunsa za bambo ake tinkamuuza kuti ali ku Joni. Atakula anazindikira yekha, mwina kwa anzake, mwina pa tsiku la chiliza. Palibe mmodzi wa ife amene anakhala naye pansi. Iye anasiya kufunsa, ife nkumati wazolowera.

Anandipeza pakhonde ndikulimbana ndi kamakinako.

"Ankolo, foni yanji yopanda intaneti?"

Ndinamupatsa. Anayendetsa Link mpaka pabwalo la m'mudzi, nkuyankhula ndi Marin. Pa sikirini panatuluka dzina lija. Mwanayo anawerenga, nkundiyang'ana.

"Akuwadziwa adadi?"

"Eya. Gemu imeneyi ndi yawo. Anasiyira pomwepa."

Anakhala chete pang'ono, kenaka anati: "Ndiye tiwamalizire."

Ntchito tinagawana monga kale, kungoti tsopano wotanthauzira ndinali ine. Tisanayambe ndinaganiza zochita ngati achimwene, kudina batani mofulumira pamene pali mawu owawa. Koma mwanayu tinali titamudinira kale mabatani okwanira. Ndinapita naye kukachisi kuja, ndinamuwerengera zonse, liwu ndi liwu.

"Ndiye tikaidzutsa, Marin afa?"

"Asowa. Maloto akatha, za m'malotomo zimasowa."

"Nanga tikapanda kuidzutsa?"

"Link sadzapita kwawo. Ndipo zilombo zija zizingochulukirachulukira."

Anaganiza nthawi yaitali. "Nsombayo ikudwala ndi maloto oipa," anatero. "Tiyeni tiidzutse."

Kuti ufike kuphanga lachisanu ndi chiwiri pamafunika nyimbo ya chule ija. Achimwene anali asanaiphunzire. Tinalipira 300 zija, nkupita pabwalo la m'mudzi, kukankha chipilala cha tambala, kutsikira pansi. Kumeneko kuli mafupa a tambala wouluka wa makedzana. Mwanayo analiza chitoliro. Mafupawo anasanduka tambala wamoyo, akukupiza mapiko. Anaseka mpaka kugwetsa kamakinako pamiyendo. Kenaka kuseka kunatha.

"Ankolo, nyimbo imeneyi imagwira ntchito kwa anthu?"

Amayi anali akupeta mpunga chapafupi. Lichero linaima.

"Ayi, mwanawe," ndinatero. "Ya anthu kulibe. Ikanakhalapo, agogo akowa akanagulitsa nyumba ino kalekale."

Amayi anaika lichero pansi. "Bwera kuno," anatero kwa mdzukulu wawo. "Adadi ako anali wakuba mandasi. Unauzidwapo zimenezo?" Madzulo amenewo gemu sitinaipitirize. Amayi anakamba nkhani za mwana wawo woyamba mpaka mdima, zina zimene ngakhale ine ndinali ndisanazimvepo. Mpunga tinadya 9 koloko usiku.

Kutsogolo kwa dzira

Mapanga awiri otsalawo anatitengera Maloweruka anayi. Pa zonse zimene achimwene ananamizira, chimodzi chinali choona: phanga lachisanu ndi chiwiri ndi lovuta. Ndi nsanja imene umayenera kunyamula chimpira chachitsulo chipinda ndi chipinda, kugwetsa nacho mizati inayi kuti chipinda cha pamwamba chitsike, kenaka nkukamenyana ndi chiombankhanga padenga. Lachisanu ndi chitatu, pakhomo pake pali mutu wa kamba wamwala umene umadzuka ndi nyimbo ya chule yomweyo. Nambala ija inachoka pa 41 kufika pa 58. Poyamba zinkandiwawa kuiona ikusintha. Kenaka ndinaona kuti tsopano ndi nambala ya anthu atatu.

Tsiku lomaliza tinakwera masitepe a phiri la Tamaranch. Mwanayo anasankha nyimbo ya Marin, imene ndinkainyoza ija. Chitoliro chitayamba, zida zisanu ndi zitatu zinatuluka nkuzungulira m'mwamba, chilichonse chikulowa ndi mawu ake, mpaka dzira linang'aluka. Njira ya m'kati mwa dziralo imalembedwa m'buku lina la mulaibulale ya m'mudzi, lowerengeka ndi galasi lokulitsira zilembo. Galasilo achimwene anali atalipeza kale. Mwanayo anakopera mivi yolozera njirayo pachikhatho ndi bolopeni.

Chilombo chomaliza ndi mthunzi wosinthasintha maonekedwe, wotengera adani amene Link anakumana nawo kale. Chitagonja, kadzidzi amaulula kuti iye ndi gawo la mzimu wa Nsomba ya Mphepo, mlonda wa maloto ake. Nsombayo imaoneka: chinamgumi cha mapiko, chovala zokongoletsa. Imamuuza Link kuti maloto onse amatha, koma chikumbukiro cha chilumbacho chidzakhala chenicheni kwa amene anakhalapo. Nyimbo imalira komaliza. Pa kasikirini kaja mudzi umayera pang'onopang'ono, ana osewera mpira, Tarin ndi bowa wake, Marin akuimba pabwalo, kenaka chilumba chonse. Link amadzuka atakangamira thabwa la bwato lake pakati pa nyanja, nkuona chithunzithunzi cha namgumi chikudutsa kumwamba.

Amene wamaliza gemuyi osagonja ngakhale kamodzi amaonetsedwa kanthu kena pamapeto penipeni: m'kaseti ya DX nkhope ya Marin imaoneka m'mitambo, kenaka mbalame yoyera ya kunyanja nkuuluka. Ife a 58 sitinaone zimenezo. Ndinangomufotokozera mwanayo.

"Ndiye kuti anapeza pasipoti," ndinatero, ndisanaganize.

"Pasipoti yanji?"

Ndinamuuza nthabwala ya bambo ake ija. Anaseka, nkupempha kuti ndiibwereze.

Alamu anandiimbira foni patapita masiku. Ndinkaopa kuti andikalipira, koma anati mwanayo wabwera ndi mafunso ambirimbiri: adadi ankakonda ndiwo zanji, ankaimba kwaya kapena ayi, anakumana kuti. "Ena ndayankha, ena ndalira kaye," anatero. "Koma alamu, mwachita bwino. Ine ndinkasowa poyambira."

Achimwene sindiwaimba mlandu. Anali mnyamata wa zaka za m'ma 20, akuteteza mng'ono wake m'njira imene ankaidziwa, yomweyo imene ifenso tinagwiritsa ntchito pa mwana wawo. Kungoti mwana ukamubisira, sakhala wopanda chisoni. Amakhala nacho yekha.

Dzina lija ndinalijambula ndi foni, ndipo chithunzicho chili kwa alamu, kwa amayi ndi kwa ine. Kabatire kaja sitinakasinthe. Loweruka lililonse mwanayo akafika ku Chilomoni amayamba wayatsa kamakinako kuti aone ngati adadi ake akadalipo pamzere woyamba. Mpaka Loweruka lapitali analipo. Pamzere wachitatu walembapo dzina lake, ndipo akuti akufuna kumaliza osagonja ngakhale kamodzi, kuti aione yekha mbalame ija. Pakadali pano wagonja kale ka 6, ndipo wayambiranso kawiri.

Chimanga chija amayi anachiika kukhitchini.